Mzere wa Penshoni: Mbiri ya Malipiro a Opuma pa Ntchito za Boma m'Malawi

Penshoni ya ogwira ntchito m'boma inafika m'dziko muno ndi atsamunda, ndipo maziko ake anaikidwa ku Britain. Kumeneko lamulo la 1859 linakhazikitsa kuti wantchito wa boma akakwanitsa zaka 60 akhoza kupuma n'kumalandira gawo la malipiro ake mpaka tsiku la imfa. Kawerengedwe kake kanali kosavuta: chaka chilichonse chimene munthu watumikira chinkamupatsa gawo limodzi mwa magawo 60 a malipiro ake, mpaka kulekezera pa magawo 40. Wantchito sankadulidwa kanthu pamwezi, ndipo boma nalo silinkaika ndalama padera zodzamulipira. Tsiku lopuma likakwana, ndalamazo zinkatapidwa pa misonkho ya chaka chomwecho. Mfundo ziwirizi, yosadula ndi yosasunga, zinalowa m'malamulo a maiko amene Britain inkalamulira, kuphatikizapo Nyasaland, imene inakhala m'manja mwake mu 1891. Mavuto ambiri amene opuma pa ntchito akukumana nawo lero anamera pamenepa.

Poyamba penshoni inali ya azungu: bwanamkubwa, ma DC, madokotala ndi akuluakulu a polisi. Ankati nyengo ya kuno imafooketsa mzungu msanga, choncho m'maiko otentha msinkhu wopumira unali wocheperapo kusiyana ndi kwawo. Anthu akuda amene anaphunzira ku Livingstonia ndi ku Blantyre Mission ankalowa m'boma ngati makalaliki, otanthauzira m'makhoti ndi othandiza m'zipatala, ndipo m'kupita kwa nthawi ena a iwo analoledwa kukhala pa maudindo okhala ndi penshoni. Unyinji sunafike pamenepo. Alonda, okonza misewu ndi ena a ntchito zamanja ankalembedwa ngati antchito osakhazikika, moti wotere akakalamba ankapatsidwa kangachepe kamodzi kokha, mwinanso kubwerera kumudzi chimanjamanja. Aphunzitsi ambiri anali a mishoni, osati a boma. Asilikali a Keyala amene anamenya nkhondo yachiwiri ya padziko lonse mpaka ku Burma analandira ndalama zowathokoza zochepa kwambiri poyerekeza ndi za asilikali achizungu a udindo wofanana nawo.

Malamulo a penshoni a nthawi imeneyo analinso ndi mfundo ina imene inakhala nthawi yaitali m'maganizo a olamulira. Ankanena kuti palibe wantchito amene ali ndi ufulu wotheratu wolandira penshoni. Inali ngati chisomo cha boma kwa amene watumikira mokhulupirika. Munthu wolandira chisomo saumiriza tsiku, ndipo wochotsedwa ntchito chifukwa cha mlandu ankataya zonse.

Pamene ulamuliro wa atsamunda unkatha, nkhani ya amene ayenera kuyamba kulipidwa inakonzedwa mosamala kwambiri, koma mokomera mbali imodzi. Chitaganya cha Rhodesia ndi Nyasaland chitathetsedwa kumapeto kwa 1963, kunakhazikitsidwa thumba lapadera, Central African Pension Fund, la amene ankagwira ntchito m'boma la chitaganyacho. Azungu a m'boma la Nyasaland amene ntchito yawo inadukira panjira chifukwa cha ufulu wa mu 1964 analandira chipukuta misozi, ndipo Britain inkaonetsetsa kuti maiko ongolandira ufulu asainira pangano loteteza penshoni za anthu akewo. Pambuyo pa lamulo lake la 1973 lokhudza penshoni za amene anatumikira kunja, Britain inayamba kutenga udindo wowalipira yokha, n'kumawonjezerapo kuti ndalamazo zisaguge ndi kukwera kwa mitengo. Kalaliki wachikuda amene ankagwira ntchito mu ofesi yomweyo ku Zomba sanapeze chitetezo chotere. Penshoni yake inatsala m'manja mwa boma latsopano losauka, ndipo kuyambira 1971 inkawerengedwa m'makwacha.

Ogwira ntchito m'boma anayamba kusemphana ndi Dr. Hastings Kamuzu Banda ufulu usanathe ndi miyezi itatu yomwe. Lipoti la Skinner lokhudza malipiro linawakhumudwitsa, ndipo linali limodzi mwa madandaulo amene nduna zinapereka pa mkangano wa mu Seputembala 1964. Ogwira ntchito ambiri a ku Zomba amene anaima ndi nduna zimene zinachotsedwa pa mkanganowo anamangidwa, kuchotsedwa ntchito kapena kuthawira kunja. Lamulo lolanda katundu la 1966 linapatsa boma mphamvu yotenga chuma cha munthu popanda kupita kukhoti, ndipo msonkhano waukulu wa chipani cholamula wa mu 1972 unagamula kuti a Mboni za Yehova achotsedwe pa ntchito. Kwa onsewa zaka zimene anatumikira zinapita pachabe. Amene anakhalabe pa ntchito mpaka kupuma ankalandira zawo pansi pa malamulo a Malawi Public Service Regulations, amene anasunga mfundo zakale zija: osadulidwa, osasungiridwa. Masiku amenewo mtolowo unali wopepuka. Ogwira ntchito anali ochepa, ambiri mwa iwo achinyamata ongolowa m'malo mwa azungu, ndipo opuma chaka chilichonse ankawerengeka.

Wopuma pa ntchito amalandira zinthu ziwiri. Choyamba ndi ndalama zambiri zoperekedwa kamodzi, zimene aliyense amazitcha gratuity. Chachiwiri ndi penshoni ya pamwezi. Kwa zaka zambiri msinkhu wokakamizidwa kupuma unali 55, kenako unakwezedwa kufika 60, ndipo amene watumikira zaka 20 akhoza kupempha kupuma asanafike pamenepo. Kwa mphunzitsi, namwino kapena mlangizi wa zaulimi amene moyo wake wonse wakhala m'nyumba ya boma kapena ya lendi, gratuity ndiyo nyumba yake. Ndi ndalama zokhazo zimene adzazigwire zochuluka pa moyo wake, ndipo mabanja ambiri amakhala atazigawa kale m'mutu: malata, simenti, fizi ya mwana wotsiriza, mwina ngolo kapena chigayo. Ndi ndalama zomwezinso zimene zimachedwa kwambiri, chifukwa cha kukula kwake.

Ndalamazi zisanatuluke, failo ya munthuyo iyenera kuyenda ulendo wake. Mkati mwake muyenera kupezeka kalata imene analembedwera ntchito, kalata yomukhazikitsa pa ntchitoyo, makalata a nthawi zonse zimene anakwezedwa, chilolezo chopuma ndi umboni wa ngongole zimene ali nazo ku boma. Failoyo imachoka ku unduna kapena ku ofesi ya m'boma limene amagwirako ntchito, imadutsa ku dipatimenti yoyang'anira ogwira ntchito m'boma, imakafika kwa Auditor General kuti atsimikize kawerengedwe, kenako kwa Accountant General amene amalipira. Pa khomo lililonse ikhoza kubwezedwa. Munthu amene analembedwa ntchito m'zaka za m'ma 1980 mbiri yake yonse ili pa mapepala otayipidwa, ofiirira ndi ukalamba, omangidwa ndi kachingwe pakona, amene amutsatira m'maboma anayi kapena asanu. Kalata imodzi ikasowa, kapena chaka chobadwa chikasiyana pa mapepala awiri, zonse zimaima, ndipo kawirikawiri amene amauzidwa kuti akafunefune ndi mwini wakeyo, ngakhale kusunga mapepalawo inali ntchito ya boma. Likulu litasamukira ku Lilongwe mu 1975, ulendo wa ku Capital Hill unakhala mbali ya kupuma pa ntchito. Wochokera ku Chitipa kapena ku Nsanje amalipira basi, amagona kwa achibale ku Kawale kapena ku Area 25, amakhala pa benchi tsiku lonse atagwira envelopu yakhaki, n'kumva kuti abwerenso mwezi wamawa.

Zaka za m'ma 1990 ndizo zinasandutsa kuchedwa kwa apo ndi apo kukhala mzere wokhazikika. Zinthu zingapo zinagwa nthawi imodzi. Kwacha inamasulidwa mu Febuluwale 1994 ndipo inagwa kwambiri. Mu 1995 mitengo ya zinthu inakwera ndi maperesenti oposa 80. Penshoni imene inawerengedwa pa malipiro a m'zaka za m'ma 1980 inasanduka ndalama yosakwana ngakhale ulendo wokaitenga. Mu 1996 boma linayamba ndondomeko yoti lizigwiritsa ntchito ndalama zokhazo zimene latolera, moti mwezi umene misonkho yavuta, zolipira zina zinkadikira. Malipiro a amene ali pa ntchito sakanadikira, chifukwa iwo akhoza kunyanyala, monga anachitira mu 1997 pofuna kuti zimene lipoti la Chatsika linanena zokweza malipiro zitsatidwe. Wopuma alibe ntchito yoti anyanyale.

Nthawi yomweyo boma linakula. Maphunziro aulere a ku pulayimale atayamba mu 1994, ana a sukulu anachuluka kuchoka pa pafupifupi 1.9 miliyoni kufika pa pafupifupi 3 miliyoni, ndipo boma la Bakili Muluzi linalemba aphunzitsi pafupifupi 20,000, ambiri osaphunzitsidwa ntchitoyo. Aliyense wa iwo amene anakhazikika pa ntchito anali lonjezo la penshoni limene palibe tambala imene inaikidwira padera. Gulu limeneli linakwanitsa zaka 20 za utumiki cha m'ma 2014, ndipo ambiri a iwo akufika zaka 60 m'zaka zino ndi zikubwerazi.

Edzi inabweretsa mzere wina, wa amasiye. Mankhwala otalikitsa moyo asanayambe kuperekedwa mwaulere mu 2004, aphunzitsi, apolisi ndi anamwino ankamwalira ali pa msinkhu wogwira ntchito, ndipo imfa iliyonse inkafuna kuti boma lilipire ndalama za womwalirayo zaka zambiri nthawi yake isanakwane. Ndalama zimenezi zimadzera kwa Administrator General kapena kwa bwana DC kuti zigawidwe, choncho ulendo wake ndi wautali kuposa wa wamoyo. Mayi wamasiye amene sanapondepo ku Capital Hill ankayenera kulondola failo ya mwamuna wake, kwinaku akulimbana ndi achibale olanda chuma, kwinaku atauzidwa kuti atuluke m'nyumba ya boma. Lamulo la 2011 la chuma cha masiye, limene linalowa m'malo mwa la 1967, linalimbitsa chitetezo cha mkazi ndi ana pa kagawidwe, koma silinafupikitse nthawi yodikira.

Pa mapepala, malamulo aakulu a dziko a 1994 anathetsa maganizo akale oti penshoni ndi chisomo. Gawo 174 limaika penshoni ndi gratuity m'gulu la zinthu zimene ziyenera kulipidwa kuchokera m'thumba lalikulu la boma, limodzi ndi ngongole za boma. Gawo 43 limapatsa munthu ufulu wochitiridwa chilungamo ndi maofesi a boma ndi kuuzidwa zifukwa molemba. Ofesi ya Ombudsman inakhazikitsidwa, ndipo madandaulo a ndalama zopumira akhala ena mwa amene imalandira kawirikawiri. Komabe zimene zinachitikira ozunzidwa mu ulamuliro wa chipani chimodzi zinaonetsa kutalikirana kwa lamulo ndi ndalama. Bwalo la National Compensation Tribunal, limene linayenera kupepesa amene anamangidwa, kulandidwa katundu kapena kuchotsedwa ntchito, linatsekedwa patatha zaka pafupifupi 10 anthu zikwizikwi asanalipidwe mokwanira, nkhani imene Ombudsman Martha Chizuma anaifukula mu lipoti la 2017. Amene anali a Payoniya, gulu limene asilikali analithetsa mu Disembala 1993, anathanso zaka zoposa 20 akufunsa ndalama zawo zomaliza.

Kuti ngongole ndi penshoni zili m'gawo limodzi la malamulo n'kofunika kukuganizira bwino, chifukwa pa zochitika zenizeni, zinthu ziwirizi siziyenda mofanana. Banki imene yabwereketsa boma imalandira chiwongoladzanja, ndipo ikachedwetsedwa ikhoza kukana kubwereketsanso. Pa chifukwa chimenechi imalipidwa pa tsiku lake. Wopuma pa ntchito amene gratuity yake yachedwa nayenso wabwereketsa boma ndalama, koma mosafunsidwa, popanda tsiku lobweza, ndiponso popanda chiwongoladzanja pokhapokha atapita kukhoti. Kwa woyendetsa chuma amene wapanikizika, iyi ndiyo ngongole yotchipa kuposa zonse, ndipo n'chifukwa chake imakula. Atsogoleri opuma ali ndi lamulo lawolawo la 1994 lofotokoza zimene ayenera kulandira, aphungu amakhala ndi gratuity yawo nthawi yawo ikatha, ndipo opuma wamba akhala akudandaula kuti a pamwambawa samva kuwawa kwa mzere umene iwo amaimapo.

Kusintha kwakukulu kunabwera ndi lamulo la penshoni limene linayamba kugwira ntchito pa 1 Juni 2011, mu ulamuliro wa Bingu wa Mutharika. Linalamula kuti olemba ntchito aziika maperesenti 10 a malipiro a wantchito m'thumba la penshoni, wantchito naye aziikamo maperesenti 5, ndipo linapereka udindo woyang'anira matumbawa kwa mkulu wa Reserve Bank of Malawi. Boma lenilenilo, limene ndilo lolemba ntchito anthu ambiri, linatenga zaka zisanu ndi chimodzi kuti lilowemo. Mu Julaye 2017 ogwira ntchito a zaka 35 kutsika m'munsi anaikidwa mu dongosolo latsopano losonkha, pansi pa Public Service Pension Trust Fund, ndipo opitirira msinkhu umenewo anatsala mu dongosolo lakale. Kusiyana kwake kuli ngati kwa banja lodya za m'nkhokwe ndi banja lodya zimene lathyola m'munda tsiku lomwelo: loyambalo likhoza kupirira chaka choipa, lachiwirilo limagona ndi njala mvula ikangovuta.

Ndipo zaka zoipa zinabweradi. Mu Meyi 2012 kwacha inatsitsidwa kuchoka pa pafupifupi K168 kufika pa K250 pa dola imodzi. Mu Seputembala 2013 kubedwa kwa ndalama za boma kotchedwa Cashgate kunaululika, ndipo maiko othandiza, amene ankapereka pafupifupi maperesenti 40 a bajeti, anaimitsa thandizo lolowa mwachindunji m'thumba la boma. Boma linatembenukira ku ngongole za m'dziko momwe muno, ndipo chiwongoladzanja chake chinakula mpaka kukhala chimodzi mwa zinthu zodya ndalama zambiri mu bajeti. Cashgate inachititsanso kuti kulipira kulikonse kuziunikidwa kawirikawiri, zimene zinali zoyenera, koma zinawonjezera makomo amene failo iyenera kudutsa. Kalembera wofuna kuchotsa maina a anthu omwalira kapena ongopeka pa mndandanda wa penshoni wakhala akuchitika, ndipo chiphaso cha unzika chimene chinayamba mu 2017 chinathandiza pa ntchitoyi, ngakhale kuti chinavumbulanso kusiyana kwa maina ndi zaka zobadwa kumene kunaimitsa mafailo a anthu osalakwa.

Mtengo wa kudikira umaoneka bwino pa zimene zinachitika pakati pa 2022 ndi 2023. Mu Meyi 2022 kwacha inatsitsidwa ndi maperesenti 25, ndipo mu Novembala 2023 inatsitsidwanso ndi maperesenti 44, kufika pa pafupifupi K1,700 pa dola. Mwachitsanzo, munthu amene anapuma kumayambiriro kwa 2022 n'kuwerengeredwa K10 miliyoni anali ndi ndalama zofanana ndi madola pafupifupi 12,000. Ngati analipidwa kumapeto kwa 2023, K10 miliyoni yomweyo inali yosakwana madola 6,000. Boma linamulipira tambala iliyonse imene linalemba, koma malata, feteleza ndi zitsulo zomangira, zimene mitengo yake imatsatira dola, zinali zitamuthawa. Nyumba zambiri zimene zinaima pa mawindo, njerwa zake zikudyedwa ndi mvula, n'za anthu otere. Ena podikira amalowa m'katapila, akulonjeza kubweza gratuity ikatuluka, moti tsiku lolandira gawo lalikulu limapita kwa wobwereketsa.

Poti ndalama zoperekedwa mwezi uliwonse sizikwanira onse, funso la amene ayambe silithawika. Njira imene boma lakhala likunena kuti limatsata ndi yoti woyamba kulowa pa mzere ndiye woyamba kulipidwa. Njirayi ili ndi ubwino waukulu umodzi: imachotsa mphamvu yosankha m'manja mwa munthu wa pa desiki, ndipo kumene kulibe kusankha, malo a ziphuphu ndi kudziwana amachepa. Madandaulo oti ena amadumpha mzere chifukwa cha kangachepe kapena m'bale wa pa udindo akhala akumveka kwa zaka zambiri, ndipo mankhwala ake ndi mndandanda woonekera kwa onse, woti munthu adziwe pamene ali ndi mwezi umene kulipira kwafika. Koma njirayi ilinso ndi zofooka zake. Ngati malo pa mzere awerengedwa kuyambira tsiku limene failo yamalizidwa, osati tsiku limene munthu anapuma, wa kumudzi amene failo yake inagona miyezi ku ofesi ya boma lake amapezeka kumbuyo kwa wa ku likulu amene anapuma pambuyo pake. Siisiyanitsanso wodwala matenda ofuna ndalama lero ndi wathanzi amene ali ndi bizinesi, kapena ana amasiye amene sukulu yawaimira ndi munthu amene ana ake onse ali pa ntchito. Ena amati odwala ndi amasiye aziyamba, ndipo maganizowa ndi achifundo. Vuto lake n'lakuti khomo lililonse lapadera limafuna munthu woti aziweruza amene alowepo, ndipo kukondera kumabwerera podzera pomwepo. Enanso amati a ndalama zochepa aziyamba, popeza gratuity ya mkulu mmodzi wa unduna ikhoza kulipira amesenjala ambiri. Mabungwe monga Public Service Pensioners Association, Civil Servants Trade Union ndi Teachers Union of Malawi akhala akukankha boma pa nkhani zimenezi, koma kakonzedwe kalikonse ka mzere kamangosuntha kudikira kuchoka pa munthu wina kupita pa wina, malinga ngati ndalama zoikidwa mu bajeti zili zochepa kuposa za anthu amene akupuma chaka chimenecho.

Lamulo latsopano la penshoni la 2023 linafewetsa zinthu kwa amene ali m'matumba osonkha: gawo limene munthu angatenge kamodzi popuma linakwera kuchoka pa maperesenti 40 kufika pa 50, ndipo nthawi yodikira kwa amene ntchito yamuthera inatsika kuchoka pa miyezi isanu ndi umodzi kufika pa itatu. Matumbawa nawo ali ndi chiopsezo chawo, chifukwa amadalira kuti olemba ntchito, kuphatikizapo boma ndi makampani ake, azipereka zosonkha pa nthawi yake, ndiponso kuti oyang'anira aziika ndalamazo malo oyenera. Reserve Bank yakhala ikudandaula za olemba ntchito amene amadula antchito koma osapereka. Za dongosolo lakale, masamu ake ndi oonekeratu. Amene anali ndi zaka 36 mu 2017 adzakwanitsa zaka 60 mu 2041, choncho mpaka chaka chimenecho dongosololi lidzakhala likulandira opuma atsopano, ndipo penshoni zawo za pamwezi zidzapitirira zaka zambiri pambuyo pake. Nthawi yonseyi boma liyenera kulipira mbali ziwiri kuchokera pa misonkho imodzi: maperesenti 10 a achinyamata amene akusonkha, ndi gratuity komanso penshoni za akuluakulu amene sanasungiridwe kanthu.